Shuga akasanduka mchenga, musazimitse moto

Mavidiyo a zophikaphika amene timaonera pafoni ali ndi chinyengo chimodzi chomwe sitichigwira msanga: amadula nthawi. Wophika wathira shuga ndi madzi m'chiwaya, waponyamo maamondi, watakasa kawiri, chithunzi chadumpha, ndiye taonani maamondi aja akunyezimira m'mbale ngati mikanda. Masekondi 40, nkhani yatha.

Chimene adadula pakatipo ndi mphindi zingapo zomwe chiwaya chimaoneka ngati zonse zaonongeka. Shuga amauma, amayera mbuu, n'kusanduka mchenga. Munthu amene akuyesa koyamba akafika apa mtima umapita m'mwamba. Wina amathiramo madzi, wina amakoleza moto, wina amangophula n'kuyamba kunena kuti shuga wa masiku ano ndi wachabe. Onsewa ataya katundu wawo pa nthawi yomwe zinthu zinali kuyenda bwinobwino.

Ndipo kutaya kwake si kwamasewera. Shuga mukumudziwa mmene akugulidwira. Maamondi ndiye osanena, kapaketi kamodzi m'sitolo zikuluzikulu za m'tauni kamatha kukudyerani ndalama ya ndiwo. Ndiye sabata ino tiyeni tikhale pambali pa chiwaya kuyambira poyamba mpaka pomaliza, osadumpha kanthu, kuti mukadzaona mchenga uja mudzadziwe kuti muli panjira yake.

Maamondiwo n'chiyani kodi?

Papaketi pamalembedwa kuti almonds. Mtengo wake ndi pachibale ndi pichesi, ndipo mukaswa nthanga ya pichesi wa ku Dedza kapena ku Ntcheu mupeza kanjere kofanana kwambiri ndi amondi. Koma chonde musayesere kudya kapena kuphika tinjere ta mapichesi poganiza kuti mwapeza njira yachidule. Timeneti tili ndi mankhwala achilengedwe omwe m'thupi amasanduka poizoni wotchedwa cyanide. Maamondi ogulitsa m'sitolo ndi a mtundu wotsekemera, omwe alibe vuto limeneli.

Mtengo wa amondi umafuna dzinja lozizira lamvula ndi chilimwe chotentha chouma. Kwathu kuno mvula imagwa nthawi yotentha, n'chifukwa chake simuupeza m'minda. Pafupifupi 80 pa maamondi 100 alionse a padziko lapansi amachokera ku California, m'dziko la America. Akamafika pashelefu ku Lilongwe kapena ku Blantyre amakhala atayenda ulendo wautali, ndipo agulidwa ndi ndalama zakunja. Mtengo wake ukuchokera pamenepo.

Kuyambira kalekale amondi ndi chakudya cha mphatso. Owerenga Baibulo akumbukira kuti pa Genesis 43, Yakobo potumiza ana ake ku Iguputo adawauza kuti atenge mphatso, ndipo maamondi adali m'gulu la mphatsozo. Zowakutira ndi shuga zidabwera pambuyo pake. Ku France amawatcha praline, dzina lochokera kwa mkulu wa asilikali wa m'zaka za m'ma 1600, César de Choiseul du Plessis-Praslin. Nkhani imati wophika wake ndi amene adayambitsa, ndipo mpaka lero tauni ya Montargis imadziwika ndi maswiti amenewa. Ku Germany amati gebrannte Mandeln, kutanthauza maamondi ootcha, ndipo fungo lake ndi limene limadzaza misika ya Khirisimasi monga wa ku Nuremberg, komwe amawagulitsa ali otentha m'timapepala topinda ngati fanulo.

Palinso mtundu wina womwe mwina mudauona pazithunzi za maukwati: maamondi osalala, oyera kapena apinki, olimba ngati timiyala. Amenewo ndi confetti a ku Italy, ndipo kwawo kwenikweni ndi tauni ya Sulmona. Paukwati mlendo aliyense amapatsidwa asanu, kuimira thanzi, chuma, chimwemwe, kubereka ndi moyo wautali. Amenewa musavutike nawo pakhomo. Amapangidwa m'migolo yozungulira, shuga akumathiridwa pang'onopang'ono kwa masiku angapo. Athu a lero ndi a m'chiwaya, okhakhala kunja, ofiirira, okhukhuta powatafuna.

Yambani ndi mtedza

Anthu a ku Spain amapanga zomwezi ndi maamondi n'kumazitcha garrapiñadas. Luso limeneli litafika ku Argentina ndi ku Uruguay, anthu kumeneko adagwiritsa ntchito chimene adali nacho chambiri, mtedza, womwenso kwawo kwenikweni ndi ku South America komweko. Lero m'misewu ya Buenos Aires ndi Montevideo, nyengo yozizira ikafika, ogulitsa amaima ndi ziwaya zawo akutakasa mtedza m'shuga. Palibe amene amati ndi wachiwiri kwa amondi. Ndi chakudya pachokha.

Ife mtedza tili nawo. Mchinji, Kasungu, Dowa, Ntchisi, Lilongwe, konseko ulipo. Kaphikidwe kake ndi kamodzimodzi, milingo ndi yomweyo, ndipo shuga sasankha kuti akukutira chiyani. Choncho malangizo anga ndi awa: ngakhale mutakhala kuti mwagula kale maamondi, asungeni kaye. Chiwaya choyamba ndi chachiwiri chikhale cha mtedza. Dzanja likazolowera, maso akadziwa chomwe akuyang'ana, pamenepo tsegulani paketi yodulayo.

Chalimbana ndi wabwino chifukwa njere zake ndi zikuluzikulu. CG7, wofiira uja, ndi wabwinonso chifukwa njere zake zimakhala zofanana kukula, ndiye zimapsa nthawi imodzi. Chofunika n'chakuti musasakanize mtedza waukulu ndi waung'ono m'chiwaya chimodzi, chifukwa waung'ono udzapserera waukulu usanapse.

Musasende khungu lake lofiiralo. Kaya ndi amondi kaya ndi mtedza, khungu limenelo ndi lomwe shuga amagwirapo. Njere yosenda ndi yoterera, shuga amangotsetsereka n'kukaunjikana pansi pa chiwaya. N'chifukwa chakenso makadamiya a ku Thyolo, ngakhale amakoma, amavutirapo: alibe khungu ndipo ali ndi mafuta ambiri. Amatheka, koma si a munthu woyamba kumene.

Lichero lisanachoke pamiyendo

Pali chinthu chimodzi chomwe sitingachilambalale. Mtedza wosasamalika umachita chuku, ndipo mtundu wina wa chuku umatulutsa poizoni wotchedwa aflatoxin. Poizoni ameneyu amaononga chiwindi ndipo amayambitsa khansa ya m'chiwindi. Choopsa chake n'chakuti saphedwa ndi moto wa kukhitchini. Mukazinge, muwiritse, mukutire ndi shuga, iye ali momwemo.

Mtedza wokazinga wamba, ukaluma njere yowawa umalavula. Koma shuga amabisa kuwawa, amabisanso maonekedwe. Chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere. Ndiye musanayatse moto, khalani pansi ndi lichero. Chotsani njere zonse zofota, zosweka, zofumbwa, zakuda, zotuwa kapena zonunkha chinyontho. Zimenezo tayani, musazisinjire nsinjiro. Pogula, pewani mtedza womwe ukumveka wofewa kapena wonyowa, chifukwa ogulitsa ena amawaza madzi pa makoko kuti asavutike poswa, ndipo chinyezi chimenecho ndi chomwe chuku amakonda. Mtedza wouma bwino umalira mukaugwedeza m'manja, ndipo mukauluma umathyoka, suphwatalala.

Maamondi nawonso anunkhizeni. Akakhalitsa pashelefu mafuta ake amasasa, n'kumamveka ngati penti yakale. Oterowo shuga sangawapulumutse. Gulani aawisi, osathira mchere, okhala ndi khungu lake.

Zofunika

Makapu awiri a maamondi kapena mtedza, omwe ndi pafupifupi magalamu 300. Kapu imodzi ya shuga, magalamu 200. Theka la kapu ya madzi ngati ndi maamondi, koma ngati ndi mtedza wauwisi onjezerani madzi afike magawo atatu mwa anayi a kapu, kuti uwire nthawi yaitaliko. Mchere wotapa ndi zala ziwiri. Ngati muli naye, sinamoni supuni yaing'ono imodzi, kapena vanila pang'ono. Basi. Mulibe sikelo? Palibe vuto, bola kapu yomwe mwayezera mtedza ikhale yomweyo yoyezera shuga ndi madzi.

Musathiremo mandimu, uchi kapena manyuchi a m'chitini. Zinthu zimenezi zimaletsa shuga kubwerera ku mchenga, pomwe ife mchengawo ndi womwe tikuufuna. Mukazithira mupeza phula lomata, osati njere zoyima payokhapayokha.

Chiwaya chikhale chachikulu ndi chokhuthala pansi, choti mtedza wonse uyale osaunjikana. Poto wopyapyala amatentha malo amodzi n'kupsereza shuga. Ziwaya zosamata zija zokutidwa zakuda m'kati zisiyeni, chifukwa shuga wouma amazikanda. Mthiko ukhale wamtengo, wolimba, wautali chogwirira, ndiponso wosanunkha anyezi kapena usipa wa dzulo. Pulasitiki amasungunuka.

Ndipo musanayatse moto, konzeranitu poyanika: thireyi yachitsulo yopaka mafuta pang'ono, ndi mafoloko awiri pambali. Shuga akafika pake sadikira munthu kuti akafunefune thireyi kwa aneba.

Gawo loyamba: madzi

Thirani shuga, madzi, mchere ndi sinamoni m'chiwaya pamoto wapakatikati. Takasani mpaka shuga yense asungunuke, osamvekanso kukhukhuta pansi pa mthiko. Zikayamba kuwira thirani maamondi kapena mtedza. Apa palibe chovuta. Muzitakasa mwa apo ndi apo. Madzi akuuluka, njere zikupsa m'kati, khitchini yayamba kununkhira.

Gawo lachiwiri: manyuchi

Pakatha mphindi 8 mpaka 12, malingana ndi moto wanu, thovu limasintha. Poyamba linali laling'onoling'ono ndi lofulumira, tsopano ndi lalikulu, lolemera, lochedwa kuphulika. Mthiko ukadutsa pansi umasiya kanjira komwe sikatsekeka msanga. Phokoso nalonso lasintha, likumveka ngati phala lomwe latsala pang'ono kupsa. Kuyambira pano mthiko usaime, ndipo foni ikhale m'thumba.

Chomwe chikuchitika n'chakuti madzi akamachepa, manyuchiwo amatentha kupitirira madzi owira. Amafika pa madigiri 115 mpaka 120, ndipo madzi otsalawo sangathenso kusunga shuga yense ali wosungunuka. M'mavidiyo ena muona akugwiritsa ntchito choyezera kutentha. Simukufunika kuchigula. Ndiponso manambala awo sangafanane ndendende ndi anu: Lilongwe ali pamtunda wa mamita oposa 1,000 kuchokera pomwe pali nyanja yamchere, ndipo pamtunda wotero madzi amawira pa madigiri 96 kapena 97, osati 100. Ku Dedza, komwe ndi kumtunda kwambiri, amawira msanga kuposa apo. Maso, makutu ndi mphuno ndi zokwanira.

Gawo lachitatu: mchenga

Apa ndi pomwe pagona nkhani. Mwadzidzidzi, m'masekondi ochepa chabe, kunyezimira konse kumatha. Manyuchi aja amachita mbuu, mthiko umalemera, kenako zonse zimauma n'kusanduka mchenga wotuwa. Njere iliyonse yavala chikhoto chokhakhala, ndipo shuga wina wangoti mbwee pansi pa chiwaya ngati ufa.

Simunalakwitse chilichonse. Shuga wangobwerera mwakale. Adalowa m'chiwaya ali timiyala ting'onoting'ono, madzi adamusungunula, madzi achoka, ndipo kutakasa kwanu kwamuthandiza kuti aumbikenso. Kusiyana kwake n'kwakuti ulendo uno waumbika atakumbatira mtedza. Popanda gawo limeneli shuga sangagwire njere iliyonse payokha.

Choti muchite ndi ichi: chepetsani moto, pitirizani kutakasa. Musathire madzi, chifukwa mubwerera ku gawo loyamba ndipo mtedza ufewa. Musakoleze moto, chifukwa shuga wa pansi apserera wa pamwamba asanatenthe n'komwe. Kuona maso a nkhono n'kudekha.

Ngati ndi mtedza wauwisi, gawo limeneli likhalitseni dala, mphindi zisanu kapena kuposerapo pamoto wochepa, kuti njere zikazingike mpaka m'kati. Tengani imodzi ndi supuni, idikireni izizire, muiswe. M'kati mukhale mofiirira pang'ono, mosamveka uwisi.

Ena amaphula pomwepa, ndipo si kulakwa. Mtedza wamchenga woyera ndi wokoma ndithu, komanso suchedwa kuuma ndipo sumata m'paketi. Koma ngati mukufuna kunyezimira kuja, pali gawo lina.

Gawo lachinayi: kunyezimira

Kwezani moto pang'ono chabe. Shuga wouma akatentha kufika pa madigiri 160 kupita m'tsogolo amayamba kusungunukanso, ulendo uno popanda madzi, ndipo amasintha mtundu n'kukhala wofiirira, fungo lake n'kukhala lija la switi wakale. Muona timadontho tonyezimira pansi pa chiwaya. Muzikokera mtedza pa timadonthoto, kuutembenuza, kuukokeranso, kuti shuga wosungunukayo apake pa chikhoto chija.

Musadikire kuti shuga yense asungunuke. Apa ndi pomwe ambiri amapitirira muyeso. Pamene theka la chikhoto likunyezimira, theka lina likadali lokhakhala, phulani. Chiwaya chimakhala chikadali ndi moto wake ndipo chimapitiriza ntchito ngakhale chili pansi. Mukadikira kuti zonse zikhale ngati galasi, chikhoto chimasungunuka n'kuvuka, mtedza n'kutsala wamaliseche m'dziwe la shuga wakuda. Kuchokera pa kufiirira kokoma kufika pa kuwawa, pamatha nthawi yosakwana mphindi imodzi.

Shuga wathu wa tsiku ndi tsiku, wabulauni uja wa ku Nchalo, ku Dwangwa kapena ku Salima, amagwira ntchito bwinobwino. Kungoti mtundu wake umanamiza, amaoneka ngati wapsa asanapse, ndipo akayamba kupserera simuona msanga. Ndi ameneyu dalirani mphuno. Kautsi kakangoyamba kutuluka, kapena fungo likayamba kulasa kukhosi, chotsani pamoto nthawi yomweyo.

Khuthulirani pathireyi ija, ndipo mwamsanga lekanitsani njerezo ndi mafoloko awiri zisanagwirane. Zisiyeni zizizire kwa mphindi 30. Zikadali zofunda zimamveka zofewa, musadandaule, kukhukhuta kumabwera zikazizira.

Za mbaula ndi magetsi

Mavidiyo aja amajambulidwa pa gasi, pomwe moto umamvera kabatani. Ambiri a ife tili pa mbaula kapena pa hotipuleti, ndipo zonsezi sizichepa moto nthawi yomweyo. Njira yake ndi kunyamula chiwaya. Moto ukakula chotsani chiwaya, takasirani pambali masekondi 20, bwezeranipo. Pa mbaula dikirani makala ayambe kuchita phulusa pamwamba, osati pomwe akulilima. Kutseka kachitseko ka mphepo kumathandizanso. Ambiri amapeza kuti moto wotsala mutaphika nsima ndi womwe uli woyenera.

Magetsi akathima muli pa gawo loyamba kapena lachiwiri, palibe chatayika. Pitirizani pa makala, kapena dikirani abwere. Shuga yemwe sanapserere amakhululuka: ngakhale ataumbika chibuma chimodzi, masupuni atatu a madzi ndi moto wochepa zimamusungunulanso. Wopserera yekha ndi amene alibe mankhwala. Akada n'kuyamba kuwawa, musathiremo shuga wina poganiza kuti abisa. Mungotaya kawiri.

Chiwaya chikatha ntchito chimaoneka ngati sichidzayeranso. Musachipale ndi mpeni. Thiranimo madzi, wiritsani mphindi zisanu pamodzi ndi mthiko womwe, shuga yense asungunuka yekha.

Shuga wotentha si madzi otentha

Abale, apa tisaseke. Shuga wa gawo lachinayi ndi wotentha kuposa madzi owira ndi madigiri 60 kapena kuposa, ndipo akagwera pakhungu satsetsereka, amamata n'kupitiriza kuotcha. Musalawe ndi chala. Musaphike muli ndi mwana kumbuyo, ndipo ana oyendayenda atalikire mbaula ndi thireyi yomwe, chifukwa fungo limawaitana ndipo mtedza wonyezimira suoneka kuti ndi wamoto.

Ngozi ikachitika, ikani malo opsawo m'madzi ozizira, makamaka oyenda a pampopi, kwa mphindi 20. Musapake mankhwala otsukira mano, dzira, mafuta kapena ufa. Ngati chilonda n'chachikulu, chili kumaso kapena m'manja, kapena wapsayo ndi mwana, pitani kuchipatala.

Ana osakwana zaka zisanu asapatsidwe njere zathunthu, zimatha kuwatsamwa. Ndipo pali anthu ena omwe thupi lawo limadana ndi mtedza kapena maamondi moti amatupa n'kubanika. Mukamapereka mphatso kapena kugulitsa, nenani chomwe chili m'katimo.

Kusunga

Mdani wa shuga wophika ndi chinyezi. Amakoka madzi a mumpweya, ndiye mtedza womwe unali wokhukhuta madzulo umapezeka m'mawa ukumata. Nyengo ya mvula, kuyambira Disembala mpaka Malichi, yomwenso ndi nyengo ya Khirisimasi ndi maphwando, vutoli limakula. Dikirani uzizire kotheratu, kenako tsekerani m'botolo lagalasi louma, la chivindikiro chothina. Mabotolo otha jamu kapena chiponde ndi abwino, bola atsukidwe ndi kuuma bwino. Mukatsekera ukadali wofunda, nthunzi yake yomwe ndi imene iuononge. Mufiriji musaike, ukatulukamo umachita thukuta. Wosungidwa bwino umatha milungu iwiri uli bwinobwino, ngati a m'nyumbamo angaulole kufika pamenepo. Ndipo nyerere zisakupezeni mukugona.

Nanga kugulitsa?

Ndikudziwa kuti ena mwayamba kale kuwerengera. Si maganizo oipa. Mtedza wokazinga wamchere uli pakona iliyonse, koma wa shuga wopangidwa bwino ndi wosowa, ndipo m'maofesi, m'makoleji, pa zinkhoswe ndi pa mabridal shower anthu amafuna kanthu kachilendo koika m'timapaketi ta alendo.

Koma werengani ndi pensulo, osati ndi mtima. Magalamu 300 a mtedza ndi 200 a shuga satulutsa 500, chifukwa mtedza umataya madzi ndipo shuga wina amatsalira m'chiwaya. Yembekezerani pafupifupi magalamu 450, omwe ndi timapaketi 9 ta magalamu 50. Pa mtengo wa mtedza, kumbukirani kuti womwe mudataya posankha uja mudaugulanso. Onjezerani shuga, makala, timapepala, thiransipoti, ndi ola lanu lomwe mwaima pamoto. Gawani ndi 9. Nambala imeneyo ndi yomwe kapaketi kakudyerani, phindu liyambire pamwamba pake.

Maamondi musapange oti mukayende nawo kufuna ogula. Ndalama yake ndi yambiri kuti igone m'botolo. Amenewo pangani pokhapokha munthu waitanitsa ndipo waperekako ya zipangizo. Musakhumbirenso kuchulukitsa m'chiwaya chimodzi kuti muthane nazo msanga. Makapu anayi m'chiwaya cha makapu awiri amapsa mosiyana, ndipo dzanja limatopa pa gawo lachitatu pomwe likufunika kwambiri. Bola maulendo awiri. Mukafika pofuna kuika katundu wanu m'mashopu, dziwani kuti a Malawi Bureau of Standards ali ndi zoyenera kutsata pa zakudya zopakira, ndipo ndi bwino kukawafunsa musanasindikize malebulo.

Ndipo mtedza woola uja, musauponye m'chiwaya cha malonda poti shuga abisa. Wogulayo akapatsa mwana wake.

Pakudya pake

Tinene zoona, ichi ndi switi. Mtedza ndi maamondi zili ndi zomanga thupi ndi mafuta abwino, koma chikhoto chija ndi shuga weniweni. Bungwe loona za umoyo padziko lonse la WHO lidalangiza mu 2015 kuti shuga wothira m'zakudya asafike gawo limodzi mwa magawo khumi a mphamvu zomwe munthu amapeza m'chakudya patsiku. Kwa munthu wamkulu amenewo ndi pafupifupi magalamu 50, kapena masupuni aang'ono 12. Kapaketi kathu ka magalamu 50 kali ndi masupuni pafupifupi asanu. Muonjezerepo atatu a mu tiyi wa m'mawa ndi botolo la zoziziritsa kukhosi masana, mwadutsa kale. Ichi chakoma ichi chakoma, pusi adagwa chagada. Tapani dzanja limodzi, tsekani botolo, liikeni patali. Amene ali ndi matenda a shuga, awa si anu, pepani.

Ngati mukufuna wochepa shuga, mutha kutsitsa mpaka magawo atatu mwa anayi a kapu pa makapu awiri a mtedza. Chikhoto chikhala chopyapyala koma chigwira. Kutsika kuposa apo njere zina zitsala zosavala.

Dzanja likakhazikika, yambani kusewera nazo. Jinja wogaya m'malo mwa sinamoni amakoma nyengo yozizira ya Juni. Kambuzi wouma wopera, wongotapa kunsonga ya supuni, pamodzi ndi mchere woonjezera pang'ono, amapanga mtedza womwe anthu amafunsa kuti mwagula kuti. Supuni ya koko imapatsa mtundu wa chokoleti, koma imabisa kupserera, ndiye isungireni ulendo wachisanu. Chitowe chokazinga chowaza pomaliza, shuga akadali womata, nachonso chimakhala bwino.

Loweruka likubwerali, gulani mtedza wa makapu awiri, sankhani, konzani thireyi, yatsani moto. Chiwaya chikachita mbuu, chepetsani moto ndipo mthiko upitirire. Maamondi adikire sabata inayo.